Pakhonde pa Abambo Atelala

Tinadziwana chifukwa cha ukwati wa anthu ena. Mnzanga amene ndinkaphunzitsa naye pa sukulu ya pulaimale ku Kawale ankakwatiwa ndi mnyamata wa kwathu kumpoto, ndipo mbali zonse ziwiri zinapereka anthu oti akavine kutsogolo kwa akwati. Kwa miyezi itatu, Loweruka lililonse masana tinkakumana kwa ankhoswe kuyeserera masitepe. Ukwati utatha, tinapezeka kuti tazolowerana koma tilibenso chifukwa chokumanirana.

Amene tinkafunanabe tinali anthu asanu ndi mmodzi. Panali ineyo, amene ndinkakhala kwa achimwene anga ndi alamu ku Kawale komweko. Panali kalaliki wa pa kampani ina ya fodya ku Kanengo, wokhala ku Area 25, amene anakulira kumapiri a ku Rumphi. Panali namwino wa ku Chinsapo amene ankagwira ntchito ku Likuni, makaniko wa ku Biwi, ndi atsikana awiri apachibale a ku Area 23. Tonse tinali tisanakhale pabanja, ndipo tonse tinali titangoyamba kumene ntchito.

Za phiri anayambitsa ndi kalaliki uja, tsiku limene tinkabweza mipando yomwe tinabwereka pa ukwati. Tinali titakwera kumbuyo kwa lole, titagwirira mipando kuti isagwe, iye n'kuloza kummwera.

"Kodi chija chikuoneka ukocho ndi chiyani?"

"Ndi Bunda," anayankha namwino.

"Anthu amakwera?"

"Amakwera opita kukapemphera."

"Ine kuno ndatopa nako kuyenda pansalasala," anatero kalaliki. "Chifikireni ku Lilongwe sindinapumepo wefuwefu. Tiyeni tikakwere Loweruka."

Tinavomera tonse, ena mwina chifukwa chongofuna kuti tionanenso. Potsika pa lolepo wina anafunsa kuti tikumana kuti, ndipo makaniko anati, "Pa depoti, seveni koloko." Palibe amene anafunsa kuti pa depoti pati.

Loweruka limenelo ndinadzuka kusanache bwino. Ndinawiritsa mazira ndi mbatata, alamu n'kundithirira thobwa m'botolo, ndipo seveni koloko inandipeza nditaima pa geti lolowera mabasi akuluakulu. Kunali kuzizira kwa mu Juni. Anthu ankangondigunda ndi mitolo, oitanira ankandikoka dengu kufunsa ngati ndikupita ku Dedza kapena ku Salima, ndipo ine maso anali pa nkhope iliyonse yodutsa. Inakwana eyiti, wopanda ndi mmodzi yemwe. Ndinkafuna kuzungulira kuti ndikayang'ane kwina, koma ndinkaopa kuti ndikangochoka anzanga afika pomwe ndaimapo. Cha m'ma naini ndinalimba mtima n'kupita komwe kunkatsikira maminibasi, ndipo kumeneko ndinapeza atsikana a ku 23 aja atakhala pa chikwama chawo, wamng'ono atatupa kale ndi mkwiyo. Tinazungulira limodzi kawiri, mpaka kumsika, osaona wina aliyense. Mapeto ake tinabwerera ku Kawale, ndipo mazira aja tinadyera pansi pa mtengo wa mango wa achimwene.

Masiku amenewo kunyumba kwa aliyense wa ife kunalibe foni. Kuti tidziwe zimene zinachitikira enawo panatenga sabata yathunthu. Namwino anali ataima pamene pankakwerera anthu opita ku Likuni, poti kwa iye depoti inali pamenepo, ndipo atatopa anabwerera kwawo. Makaniko anati anafika seveni koloko yeniyeni, koma titamufunsitsa anavomera kuti mwina inali cha m'ma teni. Kalaliki anadikira mkati mwa mpanda, kenako anaganiza kuti tamusiya. Anakwera matola a ku Mitundu, n'kukakwera phiri lonse yekha, akutiitana njira yonse.

"Ndafika pamwamba ndapeza amayi atatu akupemphera," anatiuza. "Ndawafunsa ngati aona aphunzitsi ndi anamwino. Iwo akuti, m'bale, gwadani kaye."

Izi ankanena Lamulungu masana, titasonkhana pakhonde kwa achimwene kuti tikambirane bwinobwino za malo okumanira. Ndinkayesa kuti ndi nkhani ya mphindi zisanu, koma inatitengera tiyi wa maketulo awiri. Ine ndinati tizikumana kwathu komweko, poti pali mpanda ndi mipando. Kalaliki anakana, anati iye kuchokera ku 25 ndiye kuti akwere kawiri, kenako abwererenso m'tauni kukapeza matola. Makaniko anati pa galaja pake ku Biwi ndiye pabwino chifukwa msewu wopita ku Bunda umadutsa pafupi.

"Nanga tsiku limene tidzafune kupita ku damu la ku Malingunde?" anafunsa namwino. "Ine ndidzachoke ku Chinsapo, ndidzafike ku Biwi, n'kubwereranso kudutsa pakhomo panga?"

Wamkulu wa atsikana aja anatchula pa mlatho. Tonse tinaseka, chifukwa pa mlatho wa Lilongwe munthu sungaime ngakhale mphindi imodzi osakankhidwa. Wina anati pa positi ofesi. Pamenepo panali pabwino ndithu, poonekera, koma wamng'ono uja anafunsa kuti munthu ukafika n'kupeza palibe aliyense, udziwa bwanji ngati wafulumira kapena wachedwa. Izi n'zimenedi zinatichitikira pa depoti.

Alamu anga anali pambali akusankha mpunga m'lichero, ngati sakumvetsera. Osadzutsa mutu anati, "Pezani pamene pali munthu woti wofika azimufunsa. Masitepe a positi ofesi akuuzani chiyani?"

Namwino anaomba m'manja. "Amalume anga!"

Amalume akewo anali telala. Ankasoka pakhonde pa sitolo ina ya nsalu m'tauni yakale, mu kamsewu kena kapafupi ndi depoti koma kopanda phokoso. Pakhondepo panali matelala atatu, ndipo iwo anali a kumapeto, pafupi ndi mzati wopakidwa utoto wobiriwira. Tinapita kukawaona Lachitatu nditaweruka, ine ndi namwino. Anali bambo wochepa thupi, wa imvi za apo ndi apo, tepi yoyezera ili pakhosi, magalasi ali kunsonga kwa mphuno. Anamvetsera mwana wa mlongo wawoyo akufotokoza, mapazi awo osasiya kupalasa makina.

"Ndiye kuphiriko mukukatani?" anafunsa.

"Kukangoona, Amalume."

"Kukaona chiyani?"

"Kukaona pansi tili pamwamba."

Anaimitsa makina, n'kundiyang'ana ine pamwamba pa magalasi. "Inunso aphunzitsi muli m'gulu lomweli?"

"Eya, Abambo."

"Chabwino. Ine pano ndimafika sikisi koloko, kupatula Lamulungu. Muzibwera. Koma musamatseke njira ya makasitomala, ndipo pa nsalu za eni ake pasakhale munthu."

Tinagwirizana kuti tizifika seveni, ndipo ikakwana hafu pasiti seveni amene alipo azinyamuka. Wochedwa azifunsa Abambo atelala komwe talowera.

Loweruka lotsatira ndinafika ndine wachitatu. Ndisanapereke n'komwe moni, iwo anati, "Ana a mayi mmodzi aja afika, apita kukagula buledi. A fodya sanaoneke. A magalimoto ndiye kaya." Mayina athu sanavutike nawo n'komwe, aliyense anamupatsa lake, ndipo ifenso tinayamba kuitanana momwemo. Hafu pasiti seveni itakwana tinanyamuka asanu. Tili pansi pa phiri, tikumanga zingwe za nsapato, tinaona matola ena akuima, makaniko n'kudumpha.

"Madala aja ndi ovuta," anatero akupukuta thukuta. "Ndisanayankhule akuti, anzanu apita ku Bunda kalekale, thamangani. Kenako akuti, koma kolala ya shati yanuyo mudzabwere nayo Lolemba."

Tsiku limenelo ndinakwera Bunda koyamba. Phirilo ndi mwala umodzi waukulu, ndipo pena pamafunika kugwira ndi manja. Ine ndinali nditavala siketi ndi chitenje pamwamba. Mphepo inali yamphamvu, moti dzanja limodzi linkagwira mwala, lina chitenje, ndipo anyamata tinawalamula kuti azikhala patsogolo osacheuka. Titafika pamwamba ndinakhala pansi. Kenako ndinadzutsa maso. Minda inali itayalana mpaka kutali, yofiirira poti anthu anali atakolola, midzi ili timagulu timagulu, kumadzulo mapiri a Dzalanyama atandandalika ngati khoma. Lilongwe yense, amene ife tinkamuona wamkulu wotopetsa kuyendamo, ankangonyezimira malata pakamalo kamodzi. Kalaliki anali chiimire, manja m'chiuno, akupuma mokweza, nkhope yonse ili mano okhaokha.

Pobwerera madzulo tinadzera pakhonde paja kukanena kuti tabwerako bwino, ndipo tinawatengera nzimbe ziwiri. Namwino anawafotokozera za mavuto athu a zitenje. Nthawi imeneyo lamulo loletsa akazi kuvala mathalauza linali litangochotsedwa kumene, koma ku Kawale mkazi wovala thalauza ankamuyang'anabe mpaka akhote. Abambo atelala anaganiza pang'ono, n'kupereka tepi kwa namwino.

"Uwayeze anzakowa, ine ndizilemba."

Anatisokera tonse anayi mathalauza a nsalu yolimba yabuluu, otakasuka bwino, okhala ndi matumba akuya. Imeneyo inali thalauza yanga yoyamba. Ndinkaivala mkati, chitenje pamwamba, ndipo chitenjecho ndinkachimasula tikafika pansi pa phiri. Achimwene anaiona tsiku lina ili pa chingwe, anaima n'kuiyang'ana nthawi ndithu, kenako anangofunsa alamu ngati madzi osamba atentha.

Chilimwe chimenecho tinayenda kwambiri. Tinkapita kawiri pa mwezi, malinga ndi mmene namwino amupatsira masiku opuma. Tinapita ku Malingunde, kumene tinakhala tsiku lonse m'mbali mwa madzi tikuonerera asodzi. Tinakwera phiri la Nkhoma, limene linatigonjetsa tisanafike pansonga. Tsiku lina tinangoyenda wapansi kuchokera ku Chinsapo, kudutsa m'madimba mpaka kuseri kwa Likuni, tikugula tomato ndi mpiru kwa eni minda. Kulikonse kumene tinkapita, ulendo unkayambira pa mzati wobiriwira uja. Ngakhale pakati pa sabata, wina akafuna kusintha tsiku ankangosiya mawu pamenepo, ndipo aliyense wa ife akalowa m'tauni ankadzerapo kukafunsa ngati pali uthenga. Abambo atelala sankalemba, koma sanasokonezepo ngakhale kamodzi.

Chimene ndinayamba kuona n'chakuti tikabwera kuchokera kwina ankangofunsa ngati tayenda bwino, koma tikabwera kuchokera ku Bunda ankasiya kusoka.

"Mukakhala pamwambapo, msewu wa ku Mitundu umaoneka?"

"Umaoneka wonse, Abambo."

"Nanga dambo lili kuseri kwakeko? Pali mabulugamu ambiri chakumtunda kwake."

Ife za mabulugamu sitinkadziwa. Ndinawafunsa ngati amakudziwa kumeneko.

"Ndinabadwira konko," anatero. "Phiri limene lija ndinkaliona tsiku lililonse ndikatuluka m'nyumba."

"Ndiye mwakwerapo kambirimbiri."

"Ayi. Makolo ankatiletsa, ankati kumeneko n'kwa mizimu, si kosewerera ana. Kenako ndinabwera kuno kudzaphunzira makina. Loweruka ndiye tsiku la makasitomala, Lamulungu kutchalitchi. Basi zaka n'kumapita."

Kalaliki anati, "Tiyeni mudzapite nafe."

Iwo anaseka, n'kuyambanso kupalasa. "Ndikapita ine, mudzafunsa ndani?"

Sitinaikambenso nkhaniyo. Koma Loweruka lina kumayambiriro kwa Seputembala, nditafika pakhonde paja ndinapeza makina atavundikiridwa ndi nsalu. Ndinayesa kuti adwala. Kenako ndinawaona ataima kuseri kwa mzati, atavala jekete yakuda, nsapato zachikopa zopolishidwa bwino, m'manja muli kathumba ka mtedza wokazinga. Tepi pakhosi panalibe, ndipo ankaoneka ngati munthu wina.

"Mukupita ku ukwati, Abambo?"

"Si mwati lero ndi ku Bunda?"

Namwino atafika anayamba kudandaula. Anawafunsa za bondo lawo, anawafunsa ngati adya, anawauza kuti nsapato zimenezo si zokwerera phiri. Iwo anangoti, "Iwe, odwala ako ali ku Likuni." Hafu pasiti seveni inakwana makaniko asanafike, monga mwa masiku onse. Matelala awiri ena aja anati amuuza, koma Abambo anakana, anati awa amaiwala ngakhale miyezo ya makasitomala awo. Anatulutsa choko cholembera pansalu m'thumba la jekete, n'kulemba pa mzati ndi zilembo zikuluzikulu: TAPITA KU BUNDA, NDI INE NDEMWE.

M'matola anawapatsa malo kutsogolo, pafupi ndi dalaivala. Titatsika anaima kaye n'kuliyang'ana phirilo kuyambira pansi mpaka pamwamba. Tinayamba kukwera pang'onopang'ono, kalaliki patsogolo, ine ndi namwino kumbuyo kwawo. Pamene dothi linathera n'kuyamba mwala, nsapato zija zinayamba kuterereka. Anaterereka kamodzi, kawiri, kachitatu n'kugwira pansi ndi manja. Anakhala pamwala, anavula nsapato ndi masokosi, anamanga zingwe pamodzi n'kuzikoleka pakhosi pomwe pankakhala tepi. Kuyambira pamenepo anakwera bwino kuposa ine. Mapazi amene anapalasa makina zaka zonsezo anali ndi mphamvu zimene sitinkaziganizira. Chimene chinkawavuta ndi mpweya. Tinapuma katatu, ndipo ulendo uliwonse ankakhala chofulatira kumunsi.

"Simukuyang'ana, Abambo?" anafunsa wamng'ono wa ku 23.

"Ndikayang'anira pamwamba. Ndisayambe kulawa ndiwo zisanapse."

Makaniko anatipeza pa mpumulo wachitatu, akuseka yekha. Anati atawerenga pa mzati paja sanakhulupirire, mpaka anakweza nsalu kuti aone ngati makinawo alipodi okha.

Pamwamba tinapeza kagulu ka anthu akuimba nyimbo ya mapemphero chapatali. Abambo atelala anavula chipewa powadutsa. Anakafika pamalo poonekera bwino, anapukuta magalasi ndi kansalu, n'kuwavalanso. Ife tinakhala pansi chapambali n'kuwasiya. Anayang'ana nthawi yaitali, akutembenuka pang'onopang'ono, kenako anakodola namwino.

"Ukuona msewu uwo? Tsata ndi diso mpaka pamene pakhotera. Tsika kumanzere. Mitengo yowirira iyo ndi manda. Agogo ako ali mmenemo, onse awiri. Nyumba zili kumtunda kwakezo ndi kwathu."

Namwino anali atapitako kumudziko kangapo ali mwana, koma anati sakanakuzindikira. Tonse tinadzuka kukaona. Unali mudzi wamba, nyumba zofolera udzu zosakanikirana ndi za malata zingapo, ng'ombe zikuoneka ngati nyerere m'dambo.

"Denga lofiira ilo ndi sukulu imene ndinaphunzirako," anapitiriza Abambo. Anatambasula dzanja, n'kuyeza ndi chala chachikulu ndi chamkombaphala kuchokera pa mudzi kufika pa sukulu, monga ankayezera nsalu akaiwala tepi. "Kuyandikana chonchi? Ine ndinkalira m'mawa uliwonse kuti ndi kutali. Mayi ankandiperekeza ndi kamtengo mpaka pa dambo apo."

Anaseka mpaka kutsokomola, ndipo anapukuta m'maso ndi kansalu ka magalasi kaja. Kenako anakhala pansi n'kumasula kathumba ka mtedza. Tinadya mbatata, mazira ndi buledi, thobwa tikulandirana botolo. Anatifotokozera za mudziwo, za chitsime chimene chinkauma mu Okutobala, za m'bale wawo amene anatsalako akulima fodya, za tsiku limene anachoka atanyamula bulangete limodzi. Kalaliki nayenso anayamba kukamba za kwawo ku Rumphi, mmene ankatsikira kusukulu m'mawa nkhungu ili m'munsi mwawo. Ine, amene makolo anga anachokera kumpoto koma ndinabadwira m'tauni, ndinangomvetsera. Dzuwa linkatentha koma kamphepo kanalipo, ndipo palibe amene ankafulumira kunyamuka.

Kutsika ndiye kunawavuta. Bondo lija linayamba kuwawa, ndipo pamalo otsetsereka kwambiri anachita kukhala pansi n'kumadzikhwekhwereza. Tili pafupi kufika kumunsi tinamva kuti kwee, thalauza yawo yang'ambika kumbuyo. Atsikana a ku 23 anatembenukira kumbali akudziletsa kuseka. Iwo anavula jekete mosatekeseka, n'kuimanga m'chiuno.

"Musadandaule," anatero. "Ndikudziwa telala wina wabwino."

Namwino anawafunsa ngati akufuna kuti tidzere kumudzi, poti tinali pafupi. Anakana, anati sangakaonekere kwa abale ali chomwecho, wopanda nsapato ndiponso chimanjamanja. Anati adzapita bwinobwino mwezi wotsatira, ndipo ndinamva kuti anapitadi, n'kukakhalako masiku anayi.

Lolemba nditaweruka ndinakwera minibasi kupita m'tauni kukawaona. Ndinawapeza ali pamalo pawo, tepi ili pakhosi, koma makina ali chete. Pamiyendo pawo panali mulu wa malaya a yunifolomu, akusokerera mabatani pamanja.

"Miyendo yakana," anandiuza. "Ndikati ndipalase, ikuchita ngati ndi ya munthu wina."

Telala wa pakati uja anati kuyambira m'mawa makasitomala onse amva kale za phiri, ena kawiri. Abambo anangopitiriza ndi mabatani awo. Anandisunthira kampando, anandipatsa singano ndi ulusi woyera kuti ndiwalowetsere poti maso anali atatopa, ndipo ndinakhala nawo pamenepo tikusokerera mabatani mpaka eni sitolo anayamba kutseka mawindo.

Sanakwerenso phiri lina, koma ku Malingunde anapita nafe kawiri, atatsimikiza kaye kuti kumeneko kulibe chokwera. Gulu lathu linayendabe zilimwe zina ziwiri. Kenako namwino anamusamutsira ku chipatala china kummwera, wamkulu wa ku 23 anakwatiwa, ndipo ine ndinapita kukawonjezera maphunziro. Kalaliki anapeza anzake ena a ku Kanengo okonda kuyenda, ndipo ndinamva kuti anafika mpaka ku Dzalanyama, kumene ife tinkangokukamba chaka ndi chaka osapitako.